Nyumba Yosunga Nthawi

M'cigwa ca Luangwa, kumene dzuwa la October liotcha mapazi, munali mnyamata wina amene anali kukhala ndi agogo ace amuna. Nkhalambayo inali yodziwa kuwerenga zaka, koma sinali kuziwerenga ndi manambala ai. Inali kunena kuti, "Amai ako anakwatiwa caka ca cimanga cacikasu," ndiko kuti 1992, pamene mvula inakana ndipo anthu anadya cimanga cocokera kunja. Kapena inali kuti, "Mbale wako anabadwa caka ca kadamsana," ndiko kuti 2001, pamene pa 21 June kunada bii ku Lusaka dzuwa likali pamwamba.

Koma tsono mutu wa agogo unayamba kutayikira ngati mtsuko wong'aluka. Tsiku lina anaitana mdzukulu wao ndi dzina la mlongo wao amene anamwalira kalekale. Mnyamata anacita mantha, nathawira ku mlambe wa kumapeto kwa munda. Mlambewo unali ndi mphako yaikuru, yokwana anthu asanu. Analowamo, nakhala cete, nayamba kumanga nyumba m'maganizo mwace.

Nyumbayo sinali ya njerwa kapena ya mitengo yodula. Inali yamoyo, yomera yokha ngati mlambe. Madzulo ali onse, tsiku likatha, silinali kutayika. Mizu inali kulimwa monga imwera madzi a mvula, nilikwera m'thunthu. Caka cikakwanira, panali kumera cipinda catsopano. Munthu wolowa m'cipinda ca 1964 anali kumva ng'oma za pa 24 October, tsiku limene Northern Rhodesia anasanduka Zambia, naona agogo ali mnyamata wa miyendo yolimba. Zipinda za zaka za njala zinali zopapatiza ndi zamdima, koma sizinali kufafanizidwa, pakuti nkhokwe yabwino isunga ndi zisononkho zazing'ono zomwe.

Nchito yaciwiri ya nyumbayo ndiyo inamkondweretsa koposa. Nthawi siyenda molingana. Kwa mwana woyembekeza cuti ca sukulu ikwawa ngati kamba. Kwa wodwazika matenda usiku umodzi ukhala ngati mwezi. Kwa nkhalamba zaka zithamanga ngati Luangwa wodzala. Tsono mizu ya nyumbayo inali kugwira nthawi monga bango ligwira dothi la m'mbali mwa mtsinje, kuti lero likhale lero, ndi dzulo lisalowe m'malo a dzana. Mnyamata anati mumtima, "Agogo akagona m'menemo usiku umodzi wokha, maina onse adzabwerera m'malo mwace."

Asaseke wina kuti awa ndi maganizo acibwana. Mlambe weniweni usiyana pang'ono pokha ndi nyumba imeneyi. Usunga madzi m'thunthu lace lofewa, ndico cifukwa njobvu ziukumba ndi minyanga m'cilimwe. Milambe yambiri yakale siili mtengo umodzi, koma matsinde angapo amene anamera mozungulira nalumikizana, nasiya cipinda pakati. Duwa lace loyera litseguka madzulo, mileme ilicezera usiku, ndipo mawa lace lifota. Koma mtengo wobala duwa la tsiku limodzi ukhoza kukhala zaka zoposa 1,000. Mitengo yina, ikadulidwa, zaka zace ziwerengeka pa mizere yozungulira ya m'kati. Mizere ya mlambe ndi yosadalirika, motero anthu ophunzira amapima kaboni wa m'thabwa lace. Mwa njira imeneyi E. R. Swart anaonetsa mu 1963 kuti mlambe wina wa ku Kariba unali wa zaka ngati 1,000. Wina wa ku Zimbabwe, wochedwa Panke, unafika zaka ngati 2,450.

Komatu Panke anagwa. Matsinde ace anagwa limodzi limodzi m'zaka za 2010 ndi 2011, ndipo mlambe ukafa sucedwa: usanduka mulu wa luzi lobvunda. Mphunzitsi atanena zimenezi m'kalasi, mnyamata anavutika, pakuti ngati nyumba iri yamoyo, ndiye kuti nayonso idzafa. Nanga zipinda zija zidzapita kuti? Anayesa kuimangira mizu yofika pansi pa dziko, koma funsolo silinamcoke.

Loweruka lina anatenga kope la sukulu lotsala masamba, nakhala pa mphasa pafupi ndi agogo. Pamwamba pa tsamba liri lonse analemba caka cimodzi.

"Agogo, ndiuzeni za caka ca cimanga cacikasu."

"Iwe mdzukulu wanga, ukufuna kundiyesa mayeso kodi?"

Anaseka, koma analankhula. Anachula amene anayenda nao kukalandira cimanga, ndi mwana amene anamuika m'manda caka comweco, amene mnyamata anali asanamvepo dzina lace. Masiku ena anali kusokoneza zaka, ndipo mnyamata anali kukafunsa amai ace kumphero. Masiku ena anali kungoyang'ana kumapiri osanena kanthu.

Pofika mvula yoyamba, masamba 17 anali atadzala. Tsamba la 1964 linali ndi mizere iwiri yokha, pakuti tsiku limene anafunsa za cakaco, agogo anayamba kuyimba, nagona tulo nyimbo isanathe.