Shamrock ndi Thistle sanali pa mayeso

Kwathu ku Mphunzi kulibe njanji. M'boma lathu la Dedza njanji imadutsa kuchigwa, cha ku Golomoti ndi Mtakataka, pamene ife a kumapiri katundu wathu amayenda panjinga, pangolo ndi pamutu. Sitima ya nthunzi ndinkangoidziwira m'buku. Kusekondale tinaloweza dzina la James Watt, tinalowezanso George Stephenson ndi Rocket yake ya mu 1829, koma palibe anatiuza kuti zoterozo zilipo m'dziko mwathu momwe muno.

Ndinakaiona koyamba ku Chichiri, mu mzinda wa Blantyre, panyumba yosungirako zinthu zakale. Dzina lake ndi Shamrock. Inzake, Thistle, imasungidwa pasiteshoni ya Limbe. Mitu iwiriyi inapangidwa ndi kampani ya W. G. Bagnall ya ku Stafford, ku England, ndipo inali nambala 1 ndi 2 ya Shire Highlands Railway. Thistle ndiye woyamba. Maina awo ndi a zomera: china n'chizindikiro cha Scotland, china cha Ireland. Pamenepo mukhoza kuona okha kuti eni njanji mtima wawo unali kuti.

Chomwe chinandidabwitsa ndi kuchepa kwake. Mitu ikuluikulu imakoka bogi yapadera yonyamula madzi ndi malasha. Iyi ayi. Thanki ya madzi ili pamutu pomwepo, ndipo zosonkhezera moto zimakhala pafupi ndi woyendetsa. Magudumu alipo asanu ndi limodzi, onse olumikizidwa ndi chitsulo, motero kulemera kwa madziwo kumathandiza kuti agwire bwino njanji pokwera mtunda. Ubwino wina ngwakuti imayenda chambuyo mosavuta, osafunika kuitembenuza. Koma madzi ochepa amatha msanga. Iyenera kuima pafupipafupi kuti imwe, ndipo pamene madzi akuchepa, mphamvu yogwira njanji imachepanso. Sayansi yonse ya Fomu 2 ili pamenepa: moto, madzi, nthunzi, kulemera.

Ndiye ganizirani msewu womwe timitu timeneti tinapatsidwa. Njanji inachokera ku Port Herald, komwe lero ndi ku Nsanje, kudzera ku Chiromo, n'kutsata mtsinje wa Ruo, kenako n'kupitirira mpaka ku Luchenza ndi Limbe. Kuchoka m'chigwa cha Shire kukafika ku Limbe n'kukwera mamita oposa 1,000. Sitima inafika ku Blantyre mu 1908. Nthawi imeneyo n'kuti mishoni yathu ya Malamulo, m'boma lomwelo la Thyolo lomwe njanjiyi imadutsa, ili ndi zaka zisanu ndi chimodzi chabe, poti inayamba mu 1902.

Isanabwere njanji, katundu wochokera kumadoko a pa Shire ankakwera mapiri pamitu ya amtengatenga. Amuna ankasiya minda yawo kukasenza mitolo ya eni masitolo ndi eni maesiteti, ambiri pofuna ndalama ya msonkho. Sindinena kuti njanji inamangidwa chifukwa chowamvera chisoni. Inamangidwa kuti thonje, fodya ndi tiyi zituluke motchipa. Ndipo anakumba nthaka ndi kuyala zitsulozo anali anthu akuda omwewo. Komabe mtolo uliwonse wolowa m'bogi unali mtolo wotsika pakhosi pa munthu, ndipo zimenezo sindingazipeputse, ine amene ndakula ndikuona amayi akutsika phiri ndi nkhuni pamutu.

Pambuyo pake kunabwera mitu yamphamvu, ndipo iwiri yakaleyi inatsala ndi ntchito yokankha mabogi pasiteshoni. Mu 1935 mlatho wa pa Zambezi unatsegulidwa, njanji inafikanso ku Salima. Kenako dizilo inalanda malo a nthunzi.

Posachedwa ndidzaima kutsogolo kwa kalasi, mwina pasukulu ya kumudzi ngati kwathu, yopanda labu. Sindidzatha kutengera ana 80 ku Blantyre. Ndalama ya basi yokha ingatigonjetse. Ndili ndi zithunzi zinayi za Shamrock m'foni, ndipo ketulo ya chivindikiro chovina pamoto ndidzabwereka kwa amayi ophika phala. Funso loyamba lomwe ndakonza ndi ili: madzi a m'thanki akatsala theka pakati pa mtunda wa ku Thyolo, magudumu adzatani?