Mmisiri Wogwirira Nchito Makutu Athu

Ambiri a ife tikamakamba za kanema, timachula maina a osewera amene nkhope zao tinaziona pa nsaru. Anthu amene anakonza zimene tinamva sitiwadziwa, ngakhale kuti ndiwo anaticititsa mantha, natigwetsa misozi. Mmodzi wa anthu otere ndi a Walter Murch, ndipo moyo wao watipatsa zoganizira zambiri.

A Murch anabadwira mumzinda wa New York ku Amereka pa 12 July 1943. Atate ao anali katswiri wojambula zithunzi ndi utoto. Ali mnyamata, a Murch anakopeka ndi makina ojambula mau pa tepi. Anali kutola phokoso la mumseu ndi la zitsulo, kudula tepiyo ndi kuilumikizanso kuti amve cimene cingatuluke. Ife makolo, mwana wotere akanakhala wathu, mwina tikanamuuza kuti aleke zacibwana agwire mabuku. Komatu nchito ya moyo wao wonse inamera pa masewera amenewa.

Atatsiriza maphunziro pa Johns Hopkins mu 1965, anakaphunzira za kanema ku University of Southern California, kumene anadziwana ndi George Lucas. Mu 1969 anakonza mau a kanema wa Francis Ford Coppola, The Rain People, ndipo pamodzi ndi Lucas analemba nkhani ya THX 1138, yomwe inatuluka mu 1971.

Luso lao limamveka bwino mu The Godfather wa 1972. Pamene mnyamata Michael ali pafupi kupha anthu awiri m'nyumba yodyera, palibe nyimbo. Timangomva sitima ikukhulana ndi njanji, phokoso likukulirakulira, pomwe sitimayo sitikuiona. Phokoso limenelo ndilo likutiuza cimene cikuwira mumtima mwa mnyamatayo. Pambuyo pake, Apocalypse Now wa 1979, wonena za nkhondo ya ku Vietnam, anawapatsa mphoto yao yoyamba ya Oscar.

Monga mmisiri aliyense, a Murch analakalaka kumanga cao. Analemba nkhani ya Return to Oz pamodzi ndi Gill Dennis, natsogolera okha kanemayo. Nchito ili mkati, eni ndalama anawacotsa, ndipo anabwezeredwa cifukwa Lucas ndi anzao ena anawaimirira. Kanemayo atatuluka mu 1985, ambiri anati ngoopsa kwa ana, ndipo ndalama zimene zinalowa sizinabwerere. Sanatsogolerenso kanema wamtali wa nthano.

Apa ndipo pagona cimene catikhudza. Munthu wa zaka 42, amene dzina lake linali litamveka kale, anabwerera kukagwira nchito pansi pa anzake, osanyoza mpando umene anaucokera. Mu 1995 anatulutsa buku la In the Blink of an Eye, lophunzitsa kalumikizidwe ka zithunzi. Mu 1997 analandira ma Oscar awiri usiku umodzi cifukwa ca The English Patient: wina wa mau, wina wa kulumikiza zithunzi.

Ife tiri ndi cizolowezi coyesa munthu ndi mpando umene wakhalapo. Wina akalephera kukhala mkulu pa nchito, timamuseka, iyenso amataya mtima n'kusiya ngakhale cimene manja ake anali kucidziwa bwino. Makolo athu anati mutu umodzi susenza denga, koma tonse timafuna kukhala pansonga pa dengalo, osati pa nsici. Ana athu akutimva pamene tikamba za amisiri, osoka ndi oimba ng'oma. Ngati tiwachula monyoza, mwana amene ali ndi khutu lakuthwa adzabisa mphatso yake, ndipo ife sitidzadziwa konse cimene tataya.