Lole ikagwidwa itanyamula miyala

Munthu akamangidwa, gawo 42 la malamulo aakulu a dziko lino limati akaonekere kukhoti pasanathe maola 48. Nanga lole yomwe yagwidwa poiganizira kuti yanyamula miyala yamtengo wapatali popanda chilolezo? Iyo imatha miyezi ili pabwalo la polisi ngati umboni: matayala aphwa, batire lafa, udzu wamera kunsi kwake. Uku mwini wake banki ikumulonjerera ngongole, dalaiva ali khale pakhomo.

Sindikuikira kumbuyo ozembetsa ayi. Golide wa ku Makanjira ndi miyala ya ku Mzimba n'chuma cha tonsefe, wozembetsa alangidwe ndithu. Koma kawirikawiri mwini lole amangopatsidwa hayala, matumba n'kukwezedwa ali omangamanga, mwini katundu n'kuzimiririka akangoona rodibuloko. Wapakaliyala sayimba belu.

Gawo 28 limaletsa kulanda katundu wa munthu mwachisawawa, ndipo gawo 43 limapatsa munthu ufulu wouzidwa zifukwa zolembedwa boma likachita chinthu chokhudza ufulu wake. Apa m'pamene eni magalimoto amayambira popempha High Court kuti iunikenso chiganizo chogwira galimoto. Pempholo limayenera kuperekedwa pasanathe miyezi itatu.

Inu a mtengatenga, musanakweze thumba, onani chilolezo cha mwini katundu, chijambuleni pafoni, ndipo mgwirizano wa hayala ulembedwe. Lole ikagwidwa, itanitsani chikalata chosonyeza zonse zomwe zagwidwa, kenako pezani loya msanga.