Fayilo imadutsa ine ndili m'tulo

Ntchito yanga ndi yosamalira maseva, koma nthawi yambiri imathera pa kusamutsa mafayilo a anthu. Kasitomala amanditumizira linki ya MediaFire kapena Dropbox, mwina kanema wa ukwati wa magigabayiti anayi, n'kunena kuti mawa m'mawa amupeze pa webusaiti yake. Nditati ndimukokere pa laputopu yanga kenako n'kumukwezanso, bandulo ingathe pawiri, ndipo magetsi akathima pakati, ndiye kuyambiranso.

Choncho fayiloyo sindiigwira n'komwe. Ndimachita lendi seva ina ku Germany, ndipo ndinalemba ka script kotuma sevayo kukatenga katundu kwa seva inzake. Kwa ine kumangochoka mizere iwiri ya malamulo.

Ndinaphunzirira pa Rapidleech, script ya PHP yomwe inatchuka m'masiku a RapidShare ndi Megaupload. PHP ili ndi khalidwe lake: ukapanda kusintha max_execution_time, imadula ntchito pakatha masekondi 30, ngati minibasi yokutsitsira panjira. Masiku ano ndimadalira mapulogalamu a wget ndi rclone. Kachilembo ka -c pa wget ndimakakonda kwambiri, chifukwa kukoka kukadukira pakati, kamapitiriza pomwe panadukirapo.

Koma script ilibe maso. Tsiku lina ndinauza kasitomala kuti, "Bwana, zatheka," osayang'ana kukula kwa fayilo. Inali ndi dzina lolondola, lothera ndi .zip, koma makilobayiti 14 okha. Nditaitsegula, ndinapeza kuti seva yanga yasunga tsamba lofunsa ngati ndine munthu kapena loboti! Manyazi ake sindidzaiwala. Kuyambira pamenepo script yanga imayamba yaona kukula, kenako n'kuyerekeza sha256sum ngati mwini fayilo wandipatsa nambala yake.

Mafilimu obedwa ndimakana, ngakhale amene amawafuna ndi omwe salimbana nawe pa mtengo. Megaupload itatsekedwa ndi boma la America mu Januwale 2012 pa nkhani ngati imeneyi, ngakhale anthu osalakwa anataya mafayilo awo, ndipo RapidShare nayo inatseka mu Malichi 2015. N'chifukwa chake linki ikafika sindiigoneka. Ndimaiponya pa mndandanda, cron, pulogalamu yoyambitsa ntchito pa nthawi yoikika, imadzutsa script 2 koloko usiku, ndipo m'mawa ndimawerenga log tiyi ali pamoto.