Kuchoka m'Mgona Kutulukira pa M1

M'Mgona madzulo njira zimachepa. Anthu akuweruka ku Kanengo, ena fungo la fodya likadali m'malaya, poti mafakitale a Limbe Leaf ndi Alliance One ali chapafupi pomwepa. Ndikulambalala ngalande, amayi okazinga zigege ndi milu ya makala, mpaka ndafika pomwe sipika ikusokosa.

Ndi vidiyo sho: chisakasa cha malata, chiguduli pakhomo, bolodi lolembedwa ndi choko. M'katimo mdima, thukuta, mabenchi a matabwa. Filimu ndi yakarate, DJ akumasulira m'Chichewa n'kumathiramo nthabwala zake, aganyu akufa nazo nseko. Pabolodipo palibe nkhani ya wantchito mnzawo.

Chonsecho nkhaniyo ili pafupi. Ukatulukira pa M1 n'kuyang'ana kumpoto, msewu umakufikitsa ku Lumbadzi, pabwalo la ndege la Kamuzu. Pa 6 Epulo 1992 Chakufwa Chihana, mlembi wamkulu wa SATUCC, mgwirizano wa mabungwe a antchito kum'mwera kwa Africa, adatsika ndege pamenepo atanyamula mawu oitanitsa ndale za zipani zambiri. Apolisi adamugwira pompo. Ndende sinali yachilendo kwa iye: m'zaka za m'ma 1970 adakhalamo zaka zingapo osazengedwa mlandu.

Anthu adali ndi chifukwa choopera kuti sadzamuonanso. Mu Meyi 1983 andale Dick Matenje, Aaron Gadama, Twaibu Sangala ndi David Chiwanga adasowa, kenaka boma lidati afa pangozi ya galimoto ku Mwanza. Ulendo uno antchito sadakhale chete. Mu Meyi 1992 sitalaka idabuka ku fakitale ya David Whitehead mu Blantyre n'kufalikira mpaka ku Lilongwe kuno. Chihana adatuluka mu Juni 1993, kutatsala masiku ochepa kuti riferendamu ya ndale za zipani zambiri ichitike.

Polowera ku Area 25, achinyamata awiri akujambulana sewero pafoni, wina atakwera pa njinga ya kabaza. Zida ndi zomwezo basi. Kanema wa mphindi 10 wa nkhani ya Chihana safuna ndege kapena apolisi obwereka: akwanira ndi geti la fakitale, wailesi ikulengeza nkhani, ndi nkhope ya agogo amene adanyanyala nawo ntchito mu 1992. Agogo oterowo akadalipo m'makomboni muno, ndipo adzukulu awo ndi omwe ali ndi mafoniwo.