Mutu umodzi susenza denga: za nsawawa za Mendel ndi amayi a pamtondo

M'kalasi iliyonse mumakhala ana awiri amene aphunzitsi sawaiwala. Wina amakweza dzanja funso lisanathe, ndipo amalumikiza nkhani ya lero ndi imene anamva kwa agogo ake chaka chatha. Mnzake amakhala phee kumbuyo, kubwereza samu imodzi katatu kufikira atakhutira, belu n'kulira iye asanamalize. Kawirikawiri woyambayo ndiye amatchedwa wanzeru, wachiwiriyo n'kumanenedwa kuti ndi mbuli. Komatu akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo mbiri ya sayansi ikuwachitira umboni.

Charles Darwin wa ku England anali wa maganizo osonkhanitsa. Kuyambira 1831 mpaka 1836 anazungulira dziko pa sitima yotchedwa Beagle, akutola mbalame, mafupa, miyala ndi tizilombo. Atabwerera kwawo anakhala zaka zoposa makumi awiri akulemberana makalata ndi alimi, oweta nkhunda ndi akatswiri anzake, kufikira mu 1859 pamene anasindikiza buku lofotokoza mmene zamoyo zimasinthira pang'onopang'ono m'mibadwo. Iye ankaona nkhalango yonse nthawi imodzi. Koma funso limodzi linamukanika: kodi mwana amatengera bwanji maonekedwe a makolo ake? Ambiri m'masiku amenewo ankaganiza kuti za bambo ndi za mayi zimasakanikirana monga mkaka m'tiyi, ndipo Darwin sanapeze yankho lolondola kufikira imfa yake mu 1882.

Yankholo linali kumera m'dimba la wansembe wina mumzinda wa Brno, umene lero uli m'dziko la Czech Republic. Dzina lake linali Gregor Mendel, munthu amene analephera kawiri mayeso opezera satifiketi ya uphunzitsi. Kuyambira 1856 mpaka 1863 anabzala nsawawa pafupifupi 28,000, akusamutsa mungu ndi manja ake kuchoka pa duwa lina kupita pa lina, ndi kuwerenga zonse zimene zinabadwa. Atakwatitsa nsawawa zazitali ndi zazifupi, mbewu zoyamba zonse zinatuluka zazitali. Koma m'badwo wotsatira anawerenga zazitali 787 ndi zazifupi 277, ndiko kuti pafupifupi zitatu pa imodzi. Ufupi uja sunasungunuke ayi, unangobisala n'kudzaonekanso mwa adzukulu. Aliyense amene anaonapo mwana wosafanana ndi bambo ake kapena mayi ake, koma wotengera mphumi ya agogo, akudziwa kale chimene Mendel anachitsimikiza ndi manambala.

Zimene anapezazo zinasindikizidwa mu 1866, koma palibe amene anazilabadira. Akatswiri a zomera a nthawiyo sanazolowere kuona masamu m'nkhani ya maluwa. Mendel anamwalira mu 1884, ndipo ntchito yake inadzatulukiridwanso mu 1900. Panapitanso zaka zina makumi atatu kuti akatswiri monga Ronald Fisher asonyeze kuti maganizo a Darwin ndi a Mendel ndi nsanamira ziwiri za nyumba imodzi. Aliyense mwa awiriwa anali ndi chimene mnzake ankasowa, koma sanakumane.

Nkhani imeneyi inafika mpaka kunkhokwe za kuno kwathu, pakuti chimanga cha haibulidi chimapangidwa potsata malamulo omwe aja a Mendel. Kwa zaka zambiri alangizi ankadabwa kuti alimi a m'Malawi akukakamira chimanga cha makolo pamene cha haibulidi chimabereka kwambiri. Akatswiri ankayeza matumba otuluka pa hekitala, ndipo masamu awo anali olondola. Amayi nawonso ankayeza, koma muyeso wawo unali pamtondo. Chimanga chatsopanocho chinali chofewa: pokonola chinkaphwanyika, mphale n'kuchepa, zambiri n'kuthera ku gaga, ndipo m'nkhokwe anankafumbwe ankachilowa msanga. Mayi amene sanaonepo khomo la sukulu ankadziwa ndi munsi wake kuti thumba lodzadza kumunda silitanthauza lichero lodzadza ndi ufa woyera. Pamene akatswiri a ku Chitedze, pafupi ndi Lilongwe, anaganizira zimenezi, anatulutsa mu 1990 mbewu za MH17 ndi MH18, za maso olimbirapo ndi zokonoleka bwino, ndipo alimi ambiri anazilandira. Mwambi uja wakuti nzeru zayekha anaviika nsima m'madzi umagwira wophunzira ndi wosaphunzira yemwe.

Makolo anaidziwa kale nkhani imeneyi, n'chifukwa chake mfumu siweruza mlandu yokha. Pabwalo pamakhala nduna imene imakumbukira milandu yakale ndi malire a minda, ina yofunsa mafunso obaya mpaka wabodza atadzikola yekha, inanso yodziwa kuphera nkhani ndi mwambi kuti wogonja apite kwawo asanachite manyazi. Anthu amenewa saganiza mofanana, ndipo mfumu yanzeru siifuna kuti afanane. Denga la nyumba likamakwezedwa, wamtali ndi wamfupi onse amagwira, aliyense mbali yake.

Adzukulu a lero akukula m'nthawi imene mayeso amayamikira liwiro, ndipo foni imayankha funso munthu asanaliganizire. Choopsa n'chakuti mwana wodekha uja angayambe kukhulupirira kuti alibe mutu, n'kusiya sukulu, dziko n'kutaya Mendel wake. Choopsa china n'chakuti wophunzira angabwerere kumudzi akunyoza nzeru za azakhali ake chifukwa sizinalembedwe m'buku. Makolo ndi aphunzitsi achita bwino akamamufunsa mwana mmene wafikira pa yankho lake asanamuuze kuti walakwa, pakuti nthawi zina njira imene wadzera ndi yabwino kuposa imene ili pabolodi. Ndipo mwana wochangamuka uja akhazikidwe pa desiki imodzi ndi wodekhayo, kuti wina aphunzire kubwereza samu yake, winayo aphunzire kukweza dzanja.