Ndinkati makatuni ndi a ana

Zaka zonsezi ine ndinkati makatuni ndi zokhazikira ana pansi kuti mayi aphike mwaufulu. Choncho mwana wa mlongo wanga atabwera kutchuthi ndi kompyuta yake n'kunena kuti, "Amalume, ingoonerani mphindi khumi zokha, ikakutopetsani ndizimitsa," ndinavomera pongofuna kusamukhumudwitsa. Tiyi ndinali naye m'manja. Anazizira osamwedwa.

Filimu yake ndi Princess Mononoke, yomwe Hayao Miyazaki ndi anzake a ku Studio Ghibli anatulutsa ku Japan mu 1997. Ena anaionera kalekale. Ine ndafika mbale zikutsukidwa, komabe ndakhuta.

Imayamba ndi chinguluwe chachikulu ngati nyumba, thupi lonse lili nyakanyaka ndi zinthu zonga nyongolotsi zakuda, chikuthamangira kumudzi. Pomwe chaponda udzu ukuuma. Ashitaka, kalonga wa mtundu wa Emishi, amachipha ndi mivi, koma chimamusiyira temberero pa mkono wamanja. M'mtembo mwake amapezamo kampira kachitsulo. Apa mpamene ndinakhala tsonga. Kani chilombochi chinali mzimu wolondera nkhalango, ndipo chinapenga ndi ululu wa chipolopolo. Alipo amene anachiwombera.

Ashitaka amanyamuka kulowera kumadzulo kukafuna mwini chitsulocho, n'kukagwera pakati pa nkhondo. Uku kuli a nkhalango: mimbulu yoyera yotsogozedwa ndi Moro, nguluwe miyandamiyanda, anyani amene usiku amabzala mitengo m'mapiri ometedwa, ndi mtsikana San, amene makolo ake anamutaya n'kuleredwa ndi mimbulu. Uko kuli mudzi wa ng'anjo, wozingidwa ndi mpanda wamitengo m'mbali mwa nyanja, kumene utsi sukata usana ndi usiku. Anthu ake amagwetsa mitengo kuti apeze makala, amakumba phiri kufuna mchenga wachitsulo, ndipo ali ndi mfuti. Mtsogoleri wawo ndi mayi wotchedwa Eboshi.

Ine ndinali nditasankha kale mbali. Ndani angaikire kumbuyo wowononga nkhalango? Ndinkangodikira kuti Eboshi aonekere ndimude bwinobwino.

Ndiye filimu inandilowetsa m'nyumba ya ng'anjo. Azimayi ali pamzere, agwira zingwe zolendewera kudenga, akupondereza chithabwa cha mvukuto ndi mapazi, uku akuimba, thukuta lili kamukamu. Moto ukayatsidwa amapopa masiku anayi osauzimitsa, akusinthana. Koma tamverani kuseka kwawo! Amanyoza amuna awo poyera, amadya n'kukhuta. Eboshi anawaombola ndi ndalama zake m'nyumba zogulitsiramo matupi. Kuseri kwa dimba lake kuli anthu akhate, atakulungidwa nsalu mpaka kumaso, akusula mfuti zopepuka zoti azimayi athe kunyamula. Mmodzi wa iwo, ali chigonere, amauza Ashitaka kuti mayiyu yekha ndi amene anawasambitsa mabala mosanyansidwa. Chidani chimene ndinakonzera Eboshi chinasowa potera. Nkhalango ikapambana, azimayi aja abwerera kuti?

Ndiulule kuti nsima ya madzulo amenewo inaphikidwa pambaula, ndipo sindinafunsepo kuti makalawo anachokera m'phiri liti.

Komatu nkhalangoyo nayonso inandigwira mtima. Akuti ojambula anakaona nkhalango zakale za pachilumba cha Yakushima, ndipo zikuonekadi: ndere pamiyala, mizu yopiringizana, kuwala kotsika pang'onopang'ono pamadzi. Muli tinthu toyera tating'onoting'ono totchedwa kodama, mizimu ya mitengo, timene timapotoza mitu n'kuiliza ngati njere m'chikho chouma. Ndinaseka ndekha ngati mwana. Kenako kumabwera mwini nkhalango, nyama yonga gwape wanyanga zambiri, koma nkhope ngati ya munthu. Ikamayenda, pomwe yaponda pamaphuka maluwa n'kufota nthawi yomweyo. Imayenda pamwamba pa madzi. Nyimbo za Joe Hisaishi, zimene zimakusenza filimu yonse, apa zimangoti zii. M'chipinda chathu namonso munalibe wotsokomola. Nyamayi imapoletsa bala la chipolopolo la Ashitaka koma temberero lija imalisiya. Siifotokoza chifukwa. Siilankhula n'komwe.

Nkhondo yeniyeni ikafika sikoma kuonera, ndipo ndikuganiza kuti Miyazaki anachitira dala. Okkoto, nkhalamba ya nguluwe yosaona, amatsogolera mtundu wake wonse kukathira nkhondo akudziwa kuti atcheredwa msampha wamabomba. Amapitabe. Panthawi yomweyo asilikali a mfumu ina, Asano, akuzinga mudzi wa ng'anjo kufuna kulanda chitsulo, ndipo wochenjera wina wovala ngati wansembe, Jigo, akunyengerera Eboshi kuti adule mutu wa mwini nkhalango, poti mfumu yaikulu ya dzikolo ikukhulupirira kuti mutuwo uipatsa moyo wosatha. Aliyense ali ndi chifukwa chake, ndipo nguluwe zikungofa.

Pokha pamene ndinadandaula ndi pa Ashitaka. Mnyamatayu ndi wabwino mopitirira muyeso, moti nthawi zina ndinkafuna atapsa mtima ngati munthu. Mwana wa mlongo wanga anati, "Amalume, simukuona kuti mkonowo ndi umene ukumupsera mtima?" Ndinangoti chete, poti ananena zoona.

Mathero sindikuuzani, kupatula kuti palibe amene amatuluka ali wathunthu, ndipo nkhalango imene imamera si ija yakale. Nditamva kuti pafupifupi zonsezi zinajambulidwa pamanja, zithunzi zoposa 140,000, ndinapempha kuti tibwezerenso pamene pali azimayi a mvukuto paja. Tinabwereza kawiri. Ku Japan filimuyi inaposa mafilimu onse am'mbuyo mwake pa ndalama zolowa, mpaka Titanic itabwera kudzailanda mpando.

Ndi ya mphindi 133. Mukaipeza, ana aang'ono ayambe agona, chifukwa mitu ndi mikono imaduka poyera. Tiyi mumweretu isanayambe.